Chala cha Esinala

Komboni ya Esiteti,
Goliati, Thyolo.
6 Meyi 2024

Amalume a Douglas,

Landirani moni wochokera kuno ku tiyi. Ife tilipo, kupatula chifuwa cha amayi chimene chimabwera ndi chiperoni chaka chilichonse. Kaya inu ndi aanti kumeneko ku Chilobwe?

Ndine Victoria, mwana woyamba wa mlongo wanu Lestina. Ndadzitchula bwinobwino poti mwina munatiiwala, papita zaka musanaponde kuno. Ndasankha kalata chifukwa pa foni netiweki yanu imadwala nthawi imodzimodzi, ndikangoyamba kunena zenizeni. Komanso ndinu munthu wa mabuku, zapapepala ndiye mumazimva. Ndapatsira a Latif a minibasi, akaisiya pa shopu ya achimwene awo ku Limbe.

Nkhani zilipo ziwiri. Yoyamba ndi yabwino. Teleza wapeza mwamuna, dzina lake Philip, wa kwa Chimaliro. Amakonza makina ku fakitale, samwa, ndipo amayi amukonda. Akuchimuna anabwera kudzaonekera, tinagwirizana kuti chinkhoswe chichitike mu Juni. Mwini mbumba ndinu, nkhoswe ya Teleza ndinu, wolandira tambala palibenso wina.

Yachiwiri ndi buku lanu. Mutatulutsa buku loyamba lija, Msewu wa ku Limbe, ndinanyadira, ndinayenda nalo kusekondale mpaka chikuto chinathothoka. Nsapato za Aphunzitsi ndinkawawerengera amayi, ankaseka mpaka kutsokomola. Koma latsopanoli, Dengu Lolemera, amalume, munkaganiza chiyani? Wailesi ya kuno yakhala ikuliwerenga chigawochigawo Lamulungu lililonse, ndipo komboni yonse imasiya zochita n'kumamvera. Esinala wanu wa m'bukumo ndi wothyola tiyi, chala chake chamkombaphala cha kumanzere ndi choduka, ndipo akamathyola amayimba nyimbo yachilomwe ya agogo ake. Pa esiteti yonse ino mzimayi wa chala chotero ndi nyimbo yotero ndi mmodzi yekha. Inu munangosintha dzina.

Ndiye Esinala yemweyo mwamuthiritsa madzi m'masamba kuti dengu lizilemera pa sikelo. Mwamugoneka ndi kapitawo kuti azipatsidwa mizere yabwino. Chala mwati anamudula ndi mwamuna wake chifukwa cha nsanje, ndipo mwana wake wachiwiri mwati ndi wa kapitawoyo. Mwana wachiwiri wa amayi ndi Teleza.

Ngati kuti sizinakwane, munabwera pa wailesi yomweyo n'kunena kuti m'bukumo mulibe chopeka, zonse munaziona ndi maso anu.

Abambo athu a Fackson ali kumanda, sangadziyankhire. Kwa Chimaliro nakonso mawailesi aliko. Bwerani msanga mudzakonze zimenezi chinkhoswe chisanafike.

Ndine,
Victoria


Chilobwe,
Blantyre.
27 Meyi 2024

Mwana wanga Victoria,

Ndakondwa kwambiri kuona dzanja lako. Ife kuno tili bwino, aanti ako akupereka moni. Kalata yako inakhalitsa pa shopu, mwini wake anaipsinja pansi pa katoni ya sopo n'kuiwala.

Nkhani ya Teleza yandisangalatsa. Kamwana kaja kankalira kakandiona ndi magalasi, lero kakukwatiwa. Udindo wanga ndikuudziwa ndipo sindingauthawe.

Yandisangalatsanso ndi nkhani yoti komboni yonse ikumvera Dengu Lolemera. Udziwe kuti kuno m'tauni mlembi amasindikiza buku, n'kumayenda nalo m'chikwama ngati wogulitsa mankhwala a makoswe. Mabuku anga awiri oyamba anathera m'makabati a masukulu. Ili lokha ndi limene lafika kwa eni ake. Ndinalilemba kwa zaka zambiri, ndikaweruka kuntchito, kuti dziko lidziwe mmene amayi athu amavutikira kuti anthu a kutali amwe tiyi wokoma.

Tsono za Esinala usavutike nazo mtima. Iwe unapita kusukulu, ukudziwa kuti mlembi amatola apa ndi apo ngati mbalame yomanga chisa. Esinala si amayi ako. Esinala ndi mzimayi aliyense wa ku Thyolo, ndipo wowerenga mofatsa amamumvera chisoni, samunyoza. Zimene ndinanena pa wailesi ndinkatanthauza choonadi cha mumtima, osati cha kukhoti. Anthu alankhula masiku ochepa, kenaka aiwala.

Ndaona kuti pansi pa mawu ako aukaliwo pali nkhawa ya zokonzekera, ungochita manyazi kutchula. Ndatumiza shuga ndi mafuta ophikira. Komanso ndaganiza zoti tisapite kwa akuchimuna chimanjamanja. Ndapempha a Latif kuti akatule mabuku atatu kwa Chimaliro komweko, kwa amalume ake a Philip, ndasainamo ndi dzanja langa. Adziwe kuti m'banja limene akulowa muli munthu wa cholembera.

Upereke moni kwa achemwali anga. Uwauze adzifunditsa pachifuwa.

Malume wako,
Douglas Muhiwa


Goliati.
3 Juni 2024

Amalume,

Moni ndikupatsani chifukwa amayi anandilera bwino. Shuga wafika. Mabuku anu nawonso anafika kumene munawatumiza, ndipo ntchito yake agwira.

Kwa Chimaliro wailesi ija imamveka mokhwekhwereza, ambiri anangomva mphekesera. Inu ndiye mwawathandiza. Mwawatumizira nkhani yonse, yosindikizidwa bwino, yokhala ndi chithunzi chanu mutavala tayi. Ndipo pa tsamba loyamba munalemba kuti: “Kwa abale athu atsopano, kuti mudziwe nyumba imene mwana wanu akulowa.” Amalume, munawerenganso mawu amenewa musanatseke chikuto?

Dzana kunabwera a Ben, amalume ake a Philip. Anakhala pampando wa abambo, chipewa pabondo, buku lanu m'thumba la jekete. Anati, “Ife sitinabwere ndi mlandu ayi. Koma pamene nkhoswe yeniyeni yatitumizira chenjezo cholemba, tingachite ngati sitinaone? Tiyambe tadikira kaye.”

Ndinati, “A Ben, imeneyo ndi nkhani yopeka.”

Anandiyang'ana ngati ndawaponda. “Mwana iwe, munthu angawononge pepala lonseli kulemba bodza? Za mlongo wake yemwe?”

Chinkhoswe cha Juni chaimitsidwa. Philip akuti iye sakusintha maganizo, koma sangakwatire popanda akwawo, ndipo ine sindimuda nazo. Teleza wasiya kupita kukwaya chifukwa anzake akumamuyang'ana makutu. Mukudziwa chifukwa chake? A Goodson, amene anali kapitawo nthawi imene Teleza ankabadwa, akadali moyo. Amakhala pa bawo pa Goliati tsiku lonse, makutu awo ali petupetu. Anthu akawafunsa za Esinala sakana. Amangoseka, n'kunena kuti, “Zakale zimenezo, tisamazifukule.” Nkhalamba imene akazi ankaithawa chifukwa cha fungo la fodya, lero mwaisandutsa tambala wa esiteti. Mpaka akuti akufuna buku lawolawo.

Kumunda ndiye musanene. Amayi akafika pa sikelo, kalaliki amapisa dzanja mpaka pansi pa dengu kufuna madzi, pamene madengu a ena amangokoloweka. Lachisanu mzimayi wina anati, “A Esinala, tafinyani kaye masambawo, tisambe m'manja.” Anthu onse kuseka. Amayi anangotola dengu lawo n'kubwerera mumzere. Athyola tiyi kuyambira ine ndisanabadwe, ndipo sanabwezedwepo ndi tsiku limodzi chifukwa cha masamba onyowa.

Mwati Esinala ndi mzimayi aliyense wa ku Thyolo. Ndayenda m'komboni muno kuwerenga zala za azimayi. Onse zawo n'zokwana.

Za mbalame ndi chisa chake mukawauze anzanu a kunyuzipepala. Chimene ndikufuna ndi chimodzi. Mubwere, muimirire pamaso pa a Ben ndi anthu awo, munene ndi pakamwa panu kuti munanama.

Victoria


Goliati.
24 Juni 2024

Amalume,

Ndikhulupirira muli moyo. Ndikutero chifukwa ndakuonani m'nyuzipepala imene anandikulungira usipa pamsika. Munali ku Zomba, mukumwetulira, ana asukulu atakuzungulirani. Pansi pake analemba kuti ndinu mlembi wosaopa kunena zoona.

Tsiku limene likanakhala la chinkhoswe lapita. Teleza anachapa diresi lake n'kulibwezera m'sutikesi. Msoti umene amayi anasungira akuchimuna wayamba kuikira mazira, posachedwa ukhala gogo.

A Latif atopa nane. Ndikangowaimitsa kuti ndifunse za yankho lanu amayamba okha kupukusa mutu, galimoto isanaime n'komwe.

Ngati simubwera nenani, tidziwe kuti mbumba ino ndi yamasiye.

Victoria


Goliati.
1 Julayi 2024

Achimwene,

Ndine Lestina. Akundilembera ndi Teleza, chifukwa Victoria ndikamuuza mawu amodzi amalemba khumi, onse aminga. Muli bwanji ndi alamu anga? Ine chifuwa chachepako.

Buku lanu sindinalimve lonse. Linafika pakati, ana anazimitsa wailesi. Koma poyamba paja, pamene munanena za mame a m'mawa ndi mmene msana umawawira, munanena bwino. Ndinamva ngati muli pambali panga mumzere.

Ine sindinakwiye. Victoria wakwiyira tonse, zatikwanira. Chimodzi chokha ndi chimene chandiwawa. Chala ichi mukuchidziwa inu kuposa munthu wina aliyense. Chikwanje chinali m'manja mwanu, tikudula nzimbe kudimba kwa agogo, tonse tili ana. Ine ndinauza amayi kuti ndadzitema ndekha kuti musamenyedwe. Tsono bwanji mwachipereka kwa a Fackson? Munthu uja sanandimenyepo ngakhale ndi mpango.

Za ine zisiyeni, ndakula, dzina langa silipitanso kutali. Koma mwanayu asakhale pakhomo chifukwa cha ine. A Ben avomera kuti tikumanenso pa 3 Ogasiti, akuti akamva kwa inu adzadziwa chochita. Bwerani mudzagwire nkhuku ya mwana wanu.

Mukamabwera mutenge jekete, kuno kwazizira.

Mlongo wanu,
Lestina


Chilobwe.
15 Julayi 2024

Achemwali anga, ndi iwe Victoria,

Makalata anu atatu ndawapeza pamodzi nditabwerako ku Zomba ndi ku Lilongwe, kumene anandiitana kukalankhula za bukuli. Sindinakhale chete mwadala. Awiri a Victoria ndinawawerenga nditaimirira, ndikuyankha mumtima mzere uliwonse. Yanu achemwali ndinaiwerenga nditakhala pansi.

Victoria, chimene ukupemphacho si chaching'ono monga ukuganizira. Osindikiza analemba pachikuto kuti iyi ndi mbiri yoona ya m'minda ya tiyi. Ndanena zomwezo pa wailesi, m'masukulu ndi pamaso pa anthu ophunzira. Ndakhala moyo wanga wonse ndikulemba popanda wondiwerenga, ndipo pamene ayamba kundimvera, ukuti ndikaimirire pagulu ndidzitche wabodza. Mawu oterowo sakhala pa Goliati pokha, amakwera minibasi.

Komabe ndibwera. Ndidzanena zimene ukufuna, ndipo ndidzazinena momveka. Uwauze a Ben abwere ndi anthu awo onse, ngakhale a Goodson muwaitane.

Mabuku aja ndinatumiza ndi mtima wabwino. Ndikudziwa kuti zimenezi sizikuthandiza aliyense.

Douglas


Chilobwe.
7 Ogasiti 2024

Mwana wanga Victoria,

Ndinafika bwino. Pepa kuti ndinanyamuka pa chinkhoswe paja anthu asanayambe kudya, m'mawa mwake ndinali ndi msonkhano ndi osindikiza.

Mtima wanga wapepuka. Unaona wekha mmene bwalo linatcherera khutu pamene ndinanena kuti Esinala ndinamuumba ndekha, kuti madzi a m'dengu ndi kapitawo zonse zinachokera m'mutu mwanga, kuti mlamu wanga Fackson anali munthu wofatsa, ndipo wodula chala ndinali ine. A Ben anandigwira dzanja ndi manja awiri. Pamene ankandipatsa tambala ine n'kuwapatsa msoti, ndinaona misozi m'maso mwawo. Teleza anawala ngati nyenyezi. Ndikhulupirira tsopano wandikhululukira.

Pali chinthu china. Ndawerenganso makalata ako, ndipo ndikuuze zoona, iwe uli ndi dzanja. Mawu ako amaluma pamene pakufunika. Ndayamba kuganiza za buku lachinayi, la mlembi amene walakwira abale ake, lolembedwa m'makalata. Kodi ungandilole kugwiritsa ntchito ena mwa ako? Maina ndidzasintha.

Undilembere zonse zimene zinachitika nditachoka.

Malume wako,
Douglas


Goliati.
19 Ogasiti 2024

Amalume,

Moni. Tonse tilipo. Teleza ndi Philip akuthokoza, ukwati wa kutchalitchi udzakhala mu Okutobala. Tambala wanu munamuiwala, tamumangirira kuseri kwa khitchini ndipo akutisowetsa mtendere.

Mwapempha zimene zinachitika mutachoka. Khalaninso pansi ngati muja munachitira ndi kalata ya amayi.

Munalankhula bwino, zimenezo sindikana. Mawu anu ananjenjemera pamene panayenera, ndipo ine ndemwe, amene ndinalumbira kuti sindikuyang'anani, ndinakuyang'anani. Ndinati basi zatha.

Minibasi yanu isanafike ndi pamlatho pomwe, ndinapita ndi beseni la madzi kumene kunakhala akuluakulu akuchimuna. A Ben ankasamba m'manja uku akuuza anzawo kuti, “Mwamuona munthu uja? Malume weniweni ndi ameneyu. Munthu wotchuka, wa pa wailesi, kudzitcha wabodza pagulu kuti afunditse mlongo wake. Mpaka kusenza mlandu wa chala.”

Wina anati, “Ndiye kuti za m'buku zija n'zoona ndithu?”

A Ben anati, “Aaa, inunso. Nkhoswe ntchito yake n'chiyani? Pa chinkhoswe munamvapo nkhoswe ikuyalutsa mbumba yake? Zolemba analemba ali yekha, popanda womuyang'ana. Izi wanena lerozi ndi zaulemu. Koma banja lodziwa kubisirana chonchi ndi labwino, mwana wathu akakhala bwino.”

Ndinatsala pang'ono kuwakhuthulira beseni lonse pamiyendo. Ndinatsegula pakamwa, koma ndinaona Teleza atakhala pamphasa pambali pa Philip, akuseka koyamba kuchokera mu Meyi. Ndinatseka. Lembani penapake kuti Victoria anakhalapo chete, sizidzachitikanso.

Ndiye musadzinamize kuti msoti uja analandira chifukwa anakukhulupirirani. Analandira chifukwa anakuyamikirani kunama.

Chachikulu sindinanene. Anthu akubalalika, amayi ake a Philip anapita pamene panali amayi. Anawagwira dzanja, lomwe lija la kumanzere, n'kulisisita. Anati, “Asewere, musadandaule. Tonsefe pautsikana tinapunthwapo. Ife takhululuka, nkhani imeneyi sitidzaitchulanso.”

Amalume, ndinayang'ana amayi. Ndinkadikira kuti alanditse dzanja lawo, anene kuti palibe chokhululuka. Anayang'ana kumene kunali Teleza, kenaka anawerama pang'ono n'kunena kuti, “Zikomo, asewere.”

Anathokoza. Mzimayi amene sanathirepo dontho la madzi m'dengu, amene anaika mwamuna wake m'manda n'kukana onse obwera pambuyo, anathokoza chifukwa chokhululukidwa uhule umene munamulembera inu pa tebulo lanu ku Chilobwe.

A Goodson anabwera monga munafunira. Anadya mbale ziwiri, ndipo popita anaponyera Teleza ndalama m'mbale, anthu n'kumagwedezana zigongono.

Lolemba amayi anabwerera kumunda. Mzimayi wa mzere woyandikana nawo wandiuza kuti nyimbo ija sakuyimbanso, amangothyola ali duu. Pa sikelo kalaliki anaitana kuti, “Esinala, bweretsani dengu,” ndipo amayi anayankha kuti, “Wawa.” Nditawafunsa kunyumba anati, “Ndikanatani? Mzere unali wautali, anzanga amafuna kuweruka.”

Mwafunsa ngati ndakukhululukirani. Amayi anakukhululukirani kalekale, kudimba kwa agogo, ndipo mukuona mmene zawathandizira. Ine ndidikira kaye.

Za buku lachinayi, ayi. Mwati maina mudzasintha, koma kusintha kwanu kwa maina takuona. Makalata anga mupatsire a Latif abwere nawo kuno, tiyatsire mbaula. Iyi ndi yomaliza. Mukafuna kudziwa za kuno, kwerani minibasi mubwere, ndidzakuuzani zonse pakamwa. Mwaona nokha kuti zapakamwa sizikhalitsa.

Ndine,
Victoria, mwana wa Lestina ndi Fackson, mkulu wake wa Teleza, mwana wa Lestina ndi Fackson.